Mlandu wa Mitundu ya Utawaleza

Mwana aliyense amadziwa kuti phwetekere wakupsa ndi wofiira, kuti tsamba la chimanga m'dzinja ndi lobiriwira, ndiponso kuti makala ndi akuda. Munthu amene angafunse kuti kufiira kwa phwetekereyo kumakhala pati angathe kusekedwa, popeza yankho lake limaoneka ngati lili poyera: kufiirako kuli pakhungu la phwetekere. Komabe funso limeneli, lomwe limamveka ngati la munthu wosowa chochita, lasautsa anthu a nzeru zakuya kwa zaka zoposa 2,000, ndipo mpaka lero silinathe. Kodi mtundu wa chinthu uli m'chinthucho, uli m'kuwala kumene kukugwa pachinthucho, uli m'diso, kapena uli m'maganizo a munthu wopenyayo? Nkhaniyi ndi yaikulu ndithu, chifukwa ngati kufiira kuli m'mutu mwa munthu, ndiye kuti dziko limene munthu amaona tsiku ndi tsiku silili chimodzimodzi ndi dziko lenilenilo.

Anthu amene adalimbana ndi funsoli sadali gulu limodzi. Adalibe dzina lowagwirizanitsa, adalibe mtsogoleri, ndipo ambiri a iwo sadaonane n'komwe. Koma wotsata mbiri yawo amawaona ngati anthu ozenga mlandu umodzi pabwalo limodzi, wina akamwalira wina n'kukhala pampando wake. Paja akuluakulu adati mlandu suwola.

Mmodzi mwa oyamba kuutula pabwalo adali Democritus wa ku Abdera, m'dziko la Agiriki, zaka pafupifupi 400 Yesu asanabadwe. Iye ankaphunzitsa kuti zinthu zonse zidapangidwa ndi tizidutswa tosaoneka totchedwa maatomu, ndipo kuti kutsekemera, kuwawa ndi mitundu n'zongozolowera anthu, sizili m'maatomumo. Aristotle sadagwirizane naye. Kwa iye mtundu udali m'chinthu chenichenicho, ndipo mitundu yonse inkabadwa posakaniza kuyera ndi kuda pamlingo wosiyanasiyana. Mawu a Aristotle ndiwo adalamulira masukulu a ku Ulaya kwa zaka mazana ambiri. Maganizo a Democritus adadzukanso m'chaka cha 1623, pamene Galileo Galilei wa ku Italy adalemba buku lotchedwa Il Saggiatore. Galileo adapereka chitsanzo cha nthenga. Nthenga ikakhudza munthu pamphuno, munthuyo amamva kunyerenyetsa, koma palibe anganene kuti kunyerenyetsako kuli m'nthengamo. Mitundu, fungo ndi kukoma, iye adatero, nazonso zili mwa wamoyo amene akuzimva, kotero kuti zamoyo zonse zitachotsedwa padziko, izi zikhoza kungotsala maina chabe.

Onsewa ankangolingalira. Amene adatchuka poyesa ndi manja ndi kupima ndi muyeso adali Isaac Newton wa ku England. Malinga ndi zimene iye mwini adalemba, m'chaka cha 1666 adapeza galasi lokhuthala la mbali zitatu, lotchedwa pulizimu, lomwe anthu ankaseweretsa pofuna kuona mitundu ya utawaleza. Adatseka mazenera a chipinda chake kuti mukhale mdima, n'kuboola kachibowo kakang'ono kolowetsa cheza cha dzuwa. Chezacho chidadutsa m'galasi muja n'kukagwa pakhoma limene lidali pamtunda wa mamita pafupifupi 7. Mitundu idaonekadi, koma chimene chidamuimitsa mutu Newton sichidali mitunduyo ayi. Kachibowoko kadali kozungulira, ndipo malinga ndi malamulo a kuwala amene ankadziwika nthawiyo, chithunzi chapakhoma chidayenera kukhalanso chozungulira. M'malo mwake chidali chachitali, kutalika kwake kukuposa kufupika kwake kasanu.

Ena akadangosilira kukongolako n'kupita. Newton adatenga galasi lachiwiri. Adaika thabwa lobooledwa kuti lilole mtundu umodzi wokha kudutsa, ndipo mtunduwo adaulowetsa m'galasi lachiwirilo. Kufiira kudatuluka kuli kofiirabe, buluu adatuluka ali wabuluube, koma buluu ankapindika kwambiri kuposa kufiira. Pambuyo pake adasonkhanitsanso mitundu yonse pamalo amodzi, ndipo kuwala koyera kudabwerera. Apa mpamene adagamula kuti galasi silipanga mitundu, koma limangolekanitsa zimene zidali kale m'cheza cha dzuwa. Kuyera, kumene anthu a Aristotle ankakuyesa chiyambi chosasakanizika, kudapezeka kuti ndiko chisakanizo.

Newton adatumiza zimene adapezazi ku bungwe la Royal Society ku London m'mwezi wa February 1672. Sadalandiridwe ndi nthungululu. Robert Hooke, katswiri wotchuka wa bungwelo, adamutsutsa, ndipo ena a maiko oyandikana nawo adachita chimodzimodzi, mpaka Newton adatopa ndi kuyankha makalata. Buku lake lalikulu la za kuwala, Opticks, lidatuluka m'chaka cha 1704, Hooke atamwalira chaka chapitacho. Mwina n'kofunika kutchulapo kuti mitundu isanu ndi iwiri imene ophunzira amaloweza lero siidalembedwe pathambo. Poyamba Newton ankawerenga isanu, ndipo adaonjezera mtundu wa lalanje ndi wa indigo pofuna kuti chiwerengero chifanane ndi manoti asanu ndi awiri a nyimbo. Utawaleza weniweni ulibe malire pakati pa mtundu wina ndi unzake.

M'buku lomwelo muli mfundo imene otsatira ake ambiri adaidumpha. Newton adachenjeza kuti kunena molondola, cheza cha kuwala chilibe mtundu. Chili ndi mphamvu chabe yodzutsa mwa munthu kumva kwa mtundu wakutiwakuti, monga momwe belu logwedezeka limadzutsira kumva kwa phokoso. Motero munthu amene adang'amba kuwala pakati sadapezemo kufiira. Mnzake John Locke, m'buku lake la 1690, adagawa makhalidwe a zinthu pawiri: kukula, kaumbidwe ndi kuyenda zili m'chinthu, pamene mtundu, fungo ndi kukoma zimabadwira mwa womva. Adafunsanso funso limene ana ambiri amadzifunsa okha: kodi sizingatheke kuti duwa limene wina amaliona labuluu, mnzake amaliona monga momwe woyambayo amaonera chikasu, koma onse n'kumatchula dzina limodzi osazindikira? George Berkeley wa ku Ireland adapitirira apo m'chaka cha 1710. Iye adati munthu sangaganize za kaumbidwe ka chinthu popanda mtundu uliwonse, choncho ngati mtundu uli m'maganizo, kaumbidwe nakonso kali komweko, ndipo zinthu zilipo chifukwa chakuti zikuonedwa, makamaka ndi Mulungu. Ochepa okha adamukhulupirira, ngakhale kuti kumugonjetsa pamtsutso kudali kovuta.

Kwa zaka pafupifupi 100 dzina la Newton lidali lolemekezeka kwambiri. Mmodzi mwa amene adalimba mtima kulikhudza adali munthu wosayembekezeka, Johann Wolfgang von Goethe, mlakatuli wamkulu wa Ajeremani, yemwenso adali nduna ya boma mumzinda wa Weimar. Cha m'ma 1790 Goethe adabwereka magalasi a pulizimu kwa katswiri wina wa ku Jena, Büttner, koma adawasunga m'bokosi kwa nthawi yaitali osawagwiritsa ntchito. Mwini wake atatopa adatuma munthu kukawatenga. Mthengayo ali chiimire, Goethe adatulutsa galasi limodzi mofulumira n'kupenyera khoma loyera, akuyembekeza kuona khoma lonse litasanduka utawaleza. Khomalo lidakhalabe loyera. Mitundu idaoneka m'mphepete mokha, pamene choyera chidakumana ndi chakuda, monga pa zitsulo za zenera. Nthawi yomweyo adagamula kuti Newton adalakwa.

Apa Goethe ndiye adalakwa. Chiphunzitso cha Newton chimafotokoza bwino lomwe zimene iye adaona: pakati pakhoma mitundu yochokera ku malo oyandikana imagwerana n'kubwezeretsa kuyera, ndipo m'mphepete mokha ndi momwe imasowa inzake yoti isakanikirane nayo. Anthu odziwa masamu adayesa kumuuza zimenezi, koma sadamve. Adagwira ntchitoyo zaka 20, ndipo m'chaka cha 1810 adatulutsa buku la masamba oposa 1,000 lotchedwa Zur Farbenlehre. Gawo lina lonse la bukulo ndi lodzudzula Newton ndime ndi ndime, ndi mawu aukali amene sayenerana ndi munthu wa msinkhu wake. Adabwerera ku ganizo lakale lija lakuti mitundu imabadwa pamene kuwala ndi mdima zakumana, n'kupereka umboni wa dzuwa limene limafiira likamaonekera m'nkhungu kapena mu utsi, ndi mapiri akutali amene amaoneka abuluu. M'chaka cha 1829, ali nkhalamba, adauza mlembi wake Eckermann kuti sankanyadira ndakatulo zake, koma ankanyadira kuti m'nthawi yake ndi iye yekha amene ankadziwa zoona pa za mitundu.

Zikadathera pamenepo, nkhani ya Goethe ikadangokhala ya munthu wamkulu amene adasochera m'munda wa eni. Koma gawo loyamba la buku lake lili ndi chuma chimene akatswiri a kuwala adalibe. Goethe adayambira pa diso lenilenilo ndi zimene limachita palokha, zinthu zomwe ena ankazitaya ngati chinyengo cha maso. Adalemba za tsiku lina madzulo pamene adalowa m'nyumba ya alendo n'kuyang'anitsitsa mtsikana wa nkhope yoyera, tsitsi lakuda ndi chovala chofiira kwambiri. Mtsikanayo atachoka, Goethe adaona pakhoma loyera chithunzi cha nkhope yakuda yozunguliridwa ndi kuwala, ndipo chovala chija chidali chobiriwira. Pakhomapo padalibe utoto wobiriwira, ndipo m'chipindamo mudalibe nyali yobiriwira. Kubiriwirako kudachokera mwa wopenya. Aliyense angayese izi poyang'anitsitsa nsalu yofiira kwa theka la mphindi, kenaka n'kutembenukira ku pepala loyera. Adalembanso za ulendo wake wa pa phiri la Brocken m'mwezi wa December 1777, pamene ankatsika dzuwa likulowa: chipale chidasanduka chofiirira, ndipo mithunzi yake idaoneka yobiriwira. Pa zonsezi adaona lamulo limodzi, lakuti diso likapatsidwa mtundu wina limaitanitsa wotsutsana nawo, ndipo adajambula mitundu isanu ndi umodzi mozungulira, uliwonse moyang'anizana ndi mnzake wotsutsana naye. Paja kuona maso a nkhono n'kudekha, ndipo pa kupenya modekha Goethe adalibe wofanana naye.

M'nyengo yozizira ya 1813 mpaka 1814 Goethe adapeza wophunzira, mnyamata wa zaka 25 dzina lake Arthur Schopenhauer, ndipo ankayesa limodzi magalasi ku Weimar. Ubwenziwo sudakhalitse. Schopenhauer adatenga zimene mphunzitsi wake adaona n'kuzifikitsa kumene mphunzitsiyo sankafuna. M'kabuku kake ka 1816 adalemba kuti mtundu ndi ntchito ya kansalu ka kumbuyo kwa diso kotchedwa retina, ndipo kunja kwa diso kulibe mtundu uliwonse. Patapita zaka zochepa adatulutsa buku lalikulu lophunzitsa kuti dziko lonse limene munthu amalidziwa ndi chithunzi cha m'maganizo ake. Goethe ankakonda dziko looneka ndi maso ndipo ankalikhulupirira. Schopenhauer mwini adasimba kuti atanena kuti kuwala kulipo pokhapokha pali wokuona, nkhalambayo idamuyang'ana n'kumuyankha kuti iyeyo ndiye sakadakhalapo kuwala kukadapanda kumuona.

Pamene Ajeremaniwa ankakangana, umboni wa mtundu wina udali utaoneka kale ku England. John Dalton, mphunzitsi amene pambuyo pake adatchuka ndi chiphunzitso cha maatomu, ankakonda kusonkhanitsa maluwa. M'chaka cha 1792 adapenya duwa lina limene anthu ankati ndi lofiirira. Masana iye ankaliona labuluu ngati thambo, koma usiku pa kuwala kwa kandulo lidasintha n'kukhala lofiira. Atafunsa anzake, onse adati duwalo silidasinthe, kupatula mbale wake Jonathan amene ankaona monga iye. Dalton adali atakhala zaka 26 padziko osadziwa kuti maso ake amasiyana ndi a anthu ena, chifukwa maina a mitundu adawaphunzira bwinobwino ngati mwana aliyense. Funso la Locke lija lidapeza munthu wamoyo. M'chaka cha 1794 adafotokoza za vutoli pamaso pa bungwe la akatswiri ku Manchester, ndipo adaganiza kuti madzi a m'diso mwake adali abuluu, n'kumatsekereza kufiira. Pofuna kuti zoona zidziwike, adalamula kuti akadzamwalira maso ake adzang'ambidwe. Adamwalira m'mwezi wa July 1844, ndipo dokotala wake Joseph Ransome adachita monga adauzidwira. Madziwo adapezeka oyera mbee. Zotsala za masowo zidasungidwa ku Manchester, ndipo m'chaka cha 1995, patatha zaka 151, akatswiri atapima DNA yake adapeza kuti Dalton adabadwa wopanda gulu limodzi la maselo olandira kuwala. Pakati pa anthu ochokera kumpoto kwa Ulaya, amuna pafupifupi 8 mwa 100 alionse ali ndi vuto losiyanitsa kufiira ndi kubiriwira, pamene akazi safika ngakhale mmodzi mwa 100.

Maselo amenewa adali atalotedwa kale ndi dokotala Thomas Young m'chaka cha 1801. Young adaona kuti n'zosatheka kuti malo alionse a retina akhale ndi cholandirira cha mtundu uliwonse, ndipo adati zolandirira zitatu n'zokwana. Hermann von Helmholtz wa ku Germany ndi James Clerk Maxwell wa ku Scotland adalimbitsa ganizoli ndi miyeso, ndipo m'chaka cha 1861 Maxwell adaonetsa ku London chithunzi cha mitundu chopangidwa pophatikiza kuwala kofiira, kobiriwira ndi kwabuluu. Lero zimadziwika kuti kuwala kumene munthu amaona ndi mafunde a utali wa mananomita kuyambira 400 mpaka 700 kapena chapompo, nanomita imodzi ili gawo limodzi mwa magawo 1,000,000 a milimita. Diso lili ndi maselo pafupifupi 6 miliyoni olandira mitundu, ndipo ali m'magulu atatu. Zotsatira zake n'zodabwitsa. Kuwala kwa mananomita 580 kumaoneka kwachikasu, koma kuwala kofiira kosakaniza ndi kobiriwira, kumene kulibe funde la 580 ngakhale limodzi, kumaonekanso kwachikasu chimodzimodzi. Galasi la wailesi yakanema lilibe kadontho kachikasu, komabe nthochi yakupsa imaoneka yachikasu pamenepo. Zinthu ziwiri zosiyana kunja zimabala mtundu umodzi m'kati. Njuchi nazo zimaona cheza cha ultraviolet chimene munthu sachiona, kotero duwa limodzi lili ndi maonekedwe awiri, kwa mlimi ndi kwa njuchi.

Helmholtz adanena poyera m'chaka cha 1853 kuti Goethe adalephera pa sayansi ya kuwala. Koma m'chaka cha 1878 Ewald Hering adafunsa chifukwa chake munthu amatha kuona kufiira kwachikasu koma sangaone kufiira kobiriwira, ndipo adati mitundu imagwira ntchito iwiriiwiri motsutsana: kufiira ndi kubiriwira, chikasu ndi buluu, kuyera ndi kuda. Limeneli lidali lamulo la chovala cha mtsikana uja litavala malaya a sayansi. Otsatira Helmholtz ndi otsatira Hering adakangana kwa zaka zambiri, kufikira m'ma 1960 pamene zipangizo zidatha kupima selo limodzi palokha. Magulu atatu a Young adapezeka m'retina, ndipo maselo otsutsana a Hering adapezeka m'mitsempha yopita ku ubongo wa anyani amene ankayesedwa. Mbali zonse ziwiri zinkanena zoona, koma za malo osiyana panjira imodzi.

Padaoneka nthambi ina ya mlanduwu, yokhudza chiyankhulo. M'chaka cha 1858 William Gladstone, amene adadzakhala nduna yaikulu ya Britain, adaona kuti mlakatuli wakale Homer ankafanizira nyanja ndi vinyo ndipo adalibe mawu enieni a buluu, motero adaganiza kuti maso a Agiriki akale adali osakhwima. Ganizoli lidagwa, chifukwa kusowa kwa mawu si kusowa kwa maso. Brent Berlin ndi Paul Kay, m'buku lawo la 1969, adapeza kuti ziyankhulo zimene zili ndi mawu atatu okha a mitundu zimakhala ndi kuyera, kuda ndi kufiira, ndipo Victor Turner adapeza mitundu itatu yomweyi pamtima pa miyambo ya Andembu a ku Mwinilunga m'dziko la Zambia. Mchewa sangadabwe nazo. Kuyera, kuda ndi kufiira ndi mawu akale a mizu yozama m'Chichewa, kubiriwira kumatha kunena za tsamba ndi za thambo lomwe, ndipo chikasu ndi dzina lobwereka ku chomera. Komabe mayi wa kumudzi amadziwa poyang'ana tsamba lokha kuti chimanga chasowa chakudya m'nthaka, ngakhale alibe dzina la kubiriwira kulikonse kumene akukuona.

Mtundu udachoka pachinthu kupita m'kuwala, udachoka m'kuwala kupita m'diso, ndipo sudaime pamenepo. M'chaka cha 1888 dokotala wa maso Louis Verrey wa ku Switzerland adalemba za mayi wina amene atadwala matenda oumitsa ziwalo adasiya kuona mitundu mbali imodzi ya zimene ankapenya, maso ake ali abwinobwino. Atamwalira, chilonda chidapezeka kumbuyo kwa ubongo, cham'munsi. Ubongowo sungolandira, umaweruzanso. M'mwezi wa February 2015 chithunzi cha diresi lina chidafalikira pa intaneti, ena akulumbira kuti ndi labuluu ndi lakuda, ena kuti ndi loyera ndi lagolide. Diresilo lidali labuluu ndi lakuda, koma ubongo wa munthu aliyense unkaganizira pawokha za kuwala kumene diresilo lidajambulidwiramo, n'kuchotsera mosiyana.

Chimene chatsala ndi gawo louma kwambiri la mlanduwu. Katswiri angathe kutsata uthenga kuchokera ku phwetekere, kudzera m'retina, mpaka kumbuyo kwa ubongo, ndipo paliponse amapeza mafunde, maselo ndi timagetsi ta m'mitsempha. Kufiira kwenikweniko, monga momwe wopenya amakumvera, sakupeza pamuyeso uliwonse. M'chaka cha 1982 Frank Jackson wa ku Australia adapeka fanizo la Mary, katswiri amene adakulira m'chipinda chopanda mtundu wina koma kuyera ndi kuda, ndipo adaphunzira m'mabuku zonse zimene sayansi ingathe kunena za kuwala, diso ndi ubongo. Tsiku lina chitseko chitsekulidwa, ndipo Mary aona chinthu chofiira kwa nthawi yoyamba. Kodi waphunzira chatsopano? Ngati waphunzira, Jackson adatero, ndiye kuti pali china chake m'maganizo a munthu chimene nzeru za zinthu zogwirika sizinachifotokoze. Ena adayankha kuti Mary sadapeze mfundo yatsopano koma luso latsopano lokha, monga la munthu amene waphunzira kupalasa njinga. Ena adati munthu wodziwadi zonse sakadadabwa konse. Chakumapeto kwa zaka za m'ma 1990 Jackson mwini adasintha maganizo n'kukana fanizo lake, koma akatswiri ena ambiri adakana kumutsatira, ndipo akuligwiritsabe ntchito potsutsana ndi mwini wake yemwe.